Buku Lonunkhira Mandasi

Ndikukumbukira fungo lake kuposa mawu ake. Buku lija linkanunkhira mandasi, mafuta ophikira obwerezabwereza, ndi fumbi la pamsika wa Nsaru. Ndinali mu Sitandade 7, ndipo tsiku limenelo amayi anandituma kukagulitsa mtedza. Utatha mtedzawo ndinadzithokoza ndi mandasi amodzi, ndipo mayi wogulitsa anandikulungira m'pepala long'amba m'buku la Chingerezi. Ine ndinabadwa ndi matenda owerenga. Matumba a feteleza, mapepala a sopo, zolemba kumbuyo kwa minibasi, palibe chimene chinkandidutsa. Ndinayamba kuwerenga pepalalo mandasi akadali m'kamwa.

Linkati waima pa chitseko chachitsulo, mpweya ukutha m'chipinda chimene ulimo, ndipo kuseri kwa chitsekocho kukumveka chinthu chikupuma. Ngati ukufuna kutsegula, pita tsamba lakuti. Ngati ukuopa, pita tsamba lakuti. Abale, buku lolankhula ndi ine, lomandifunsa chimene ndikufuna! Mabuku a kusukulu ankangotiuza zochita, monganso wina aliyense amene ndinkamudziwa.

Ndinabwerera chothamanga. Ndinapeza mayi uja akung'amba bukulo mosasankha, tsamba la kutsogolo kwa uyu, la kumbuyo kwa uyo. Chikuto chinali chitapita kalekale. Ndinawapempha kuti tisinthane, ine ndiwabweretsere makope anga akale a kusukulu, iwo andipatse chotsalacho. Anandiyang'ana ngati ndapenga, koma kwa iwo pepala linali pepala basi, ndipo makopewo anali ambiri. Tsiku la msika lotsatira ndinapita kwathu nalo nditalibisa m'chitenje.

Nkhani yake inali ya anthu okhala m'chombo chachikulu choyenda pakati pa nyenyezi, chozungulira ngati mgolo. M'kati mwake munali minda ndi mitsinje, moti ukayang'ana kumwamba unkaona chimanga cha anzako chitazondoka pamutu pako. Zonse zinkayendetsedwa ndi kompyuta, ngakhale mvula inkagwa tsiku limene kompyutayo yauzidwa. Mwana wa mlimi ngati ine, wakula akuona abambo akuyang'ana mitambo m'Disembala, mfundo imeneyo inandigwira mtima. Kompyuta ndinali ndisanaionepo, choncho m'mutu mwanga inali injini ya chigayo cha kwathu, koma ya maso. Tsono m'bukumo kompyutayo inasokonekera n'kuyamba kutseka mpweya, ndipo wowerengawe ntchito yako inali kuyenda mpaka ukaipeze.

Vuto linali masamba amene anapita ndi mandasi. Buku likati pita tsamba lakuti, kawirikawiri tsambalo linali litadyedwera kale ku Kasiya kapena ku Kabudula. Poyamba ndinkakwiya. Kenako ndinayamba kudzipekera ndekha zimene zinali patsamba losowalo, ndipo anzanga sanadziwepo pamene buku lathera ndi pamene ine Rozina ndayambira.

Tinkasewerera m'chigafa cha abambo masana tikaweruka, fodya atalendewera pamutu pathu, fungo lake likutiyetsemulitsa. Ine ndinkawerenga n'kumasulira, anzanga n'kumasankha njira. M'malo ena buku linkafuna dayisi, kamwala ka madontho kaja, kuti tione ngati munthu wapulumuka. Dayisi mudzi wonse munalibe. Ndinatenga njere za chimanga zisanu ndi imodzi, n'kuzipaka mwaye mbali imodzi, ndipo tikaziponya tinkawerenga zakudazo. Pofuna kuti zisatayike m'fumbi, tinkaziponyera m'lichero lakale la amayi. Inu amene munakulira kumudzi mwaona kale kumene nkhaniyi ikupita. Ine sindinaone, ndinkangoti ndachenjera.

Mwa amene ankabwera panali Fabiano, mwana wa a Nabanda, anansi athu. Anali wa msinkhu wanga, wothamangira zinthu, chitseko chilichonse iye ankati titsegule. Tsiku lina anatsegula cholakwika, njere zinagwa zoyera zokhazokha, ndipo ndinamuuza monga buku linanenera kuti mpweya wamuthera, wafa. Anakangana nane, anati ndabera, n'kupita kwawo akulira. Amayi ake atamufunsa, iye anati Rozina waponya njere m'lichero n'kunena kuti wafa. Atamufunsitsa anawonjeza kuti timapita naye ku nyenyezi pa chombo. Sabata isanathe, malungo anamugwetsa, anayamba kubwebweta, ndipo anamutengera ku chipatala cha mishoni pa ngolo.

Kandimverere anakanena za m'maluwa. Pofika ku chitsime nkhani inali yakuti ndimaombeza. Pofika ku chigayo inali yakuti ndimakweza ana m'lichero n'kuuluka nawo, ndipo bukulo anandipatsa ndi azungu a satana. Amayi anga akafika potunga madzi, anzawo ankaleka kulankhula. Ana amene dzulo lake ankalimbirana malo pafupi nane ankathawa akandiona. Sindiwanena a Nabanda kuti anali oipa mtima, ayi. Anali ataika kale ana awiri, Fabiano ndiye anatsala, ndipo wamva m'mimba ndiye atsegula chitseko. Koma mantha awo anawasenzetsa ine, ndipo zimenezo sindinazivomere ngakhale pang'ono.

Kwathu ndife Akatolika pafupifupi mudzi wonse, choncho mlandu sunapite kwina, unapita ku mphakati, kumene mabanja oyandikana timapempherera pamodzi m'kati mwa sabata. Chaka chimenecho ndinali m'kalasi la Ulimbitso. Ambuye Episkopi ankayembekezeka mwezi wotsatira, ndipo amayi anali atasoketsa kale diresi yoyera. A katekisiti athu, a Maliko, anabwera kunyumba n'kutiuza mwaulemu wake njira yotulukira. Ndiponye ndekha bukulo pa moto pamaso pa anthu, ndinene kuti linali la mdima ndipo ndalapa, nkhani ithere pomwepo. Ndikakana, dzina langa lichoka pa olandira Ulimbitso. Amayi anandigwira dzanja n'kundipempha kuti ndingonena mawuwo, poti mawu sabaya. Abambo ankangosalaza tsamba limodzi la fodya pabondo.

Tinakumana masana pansi pa mtengo wa mango kwa wapampando wa mphakati. Anthu anabwera ambiri kuposa amene ankabwera pa mapemphero, ena mpaka a mipingo ina anaima chapatali ngati akungodutsa. Moto anasonkha pambali, lichero ndi njere zanga anaziika pakati, ndipo palibe ankafuna kuzikhudza. Tinayamba ndi pemphero, tinaimba nyimbo, kenako a Maliko anandipatsa buku langa kuti ndichite zimene iwo ankati tinagwirizana. Koma ine sindinagwirizane ndi munthu. Mtima unali utatentha kuposa motowo.

"Ndi masewera chabe," ndinatero. "Aphunzitsi, inu Chingerezi mumachidziwa. Taliwerengani anthu amve. Mukapezamo ufiti, ndiliponya ndekha."

A Maliko analandira bukulo ndi zala ziwiri, natsegula pakati. Tsoka ilo, anagwera pomwe panali chithunzi cha munthu wovala chigoba chagalasi kumutu, mapaipi akutuluka kumsana. Azimayi a kutsogolo anachita chizindikiro cha mtanda. A Maliko anawerenga chamumtima kanthawi, ndipo ndinaona nkhope yawo ikufewa, moti ndikhulupirira mpaka lero kuti anazindikira chimene chinali m'manja mwawo. Koma anayang'ana a Nabanda, maso atatupa ndi kulira, anayang'ana khamu lija, natseka bukulo. Anati kaya ndi masewera kaya si masewera, chinthu chimene chagawa mphakati sichingakhale chochokera kwa Mulungu.

"Masewera otani ouza mwana wa mnzako kuti wafa?" anatero a Nabanda. "Mwana wanga ali gone ku chipatala. Lapa, Rozina, mwana wanga adzuke."

"Fabiano akudwala malungo, amayi. Ine sindilapa chimene sindinachite."

Panamveka phokoso ngati njuchi. Mwana wamkazi kuyankha akuluakulu chotero, pamaso pa makolo ake! Wina kumbuyo anati mwaona, si ameneyo akulankhula, ndi zimene zili mwa iye. Pamenepo abambo anaimirira. Anatenga bukulo m'manja mwa a Maliko, n'kuliponya okha pa moto, lichero n'kuponyanso. Mapepala aja anali atamwa mafuta, choncho anayaka msanga, ndipo bwalo lonse linanunkhira mandasi. Mwana wina wamng'ono anafunsa amayi ake mokweza ngati kuli zokazinga, ndipo anamutsina.

Ndinalira, koma mawu amene ankafuna aja sindinawanene. A Maliko anandifunsa kawiri, ine ndinangoyang'ana phulusa. Pobwerera kunyumba abambo anayenda patsogolo osacheuka. Titafika pachigafa anaima n'kunena chapansipansi kuti buku alitentha kuti nyumba yathu isatenthedwe, koma pakamwa ndi panga, iwo sangandikakamize kunama. Ndinawakwiyira miyezi yambiri. Ndinadzamvetsa nditakula kuti abambo anga, munthu wosadziwa kuwerenga, anandisiyira chachikulu, n'kupereka chaching'ono.

Tsiku la Ulimbitso ndinakhala pa benchi la kumbuyo ndi diresi yanga ya masiku onse, anzanga akudutsa atavala zoyera, azimayi akululutira. Amayi sanapite n'komwe, anati mutu ukuwapweteka. Zinandiwawa, ndisaname. Diresi yoyera ija inadikira m'sutikesi mpaka ulendo wotsatira wa Ambuye Episkopi, ndipo pomwe ndinkaivala inali itafupika, amayi anachita kuilumikiza ndi nsalu ina m'munsi.

Fabiano anachira, monga amachirira aliyense wolandira mankhwala a malungo nthawi yake. Anthu anati mwaona, buku lapsa mwana wadzuka. Koma tsiku lina ndikutola nkhuni anandipeza, wowonda ngati bango, n'kundifunsa ngati munthu wafa m'chombo muja amaloledwa kuyambiranso. Ndinamuuza kuti buku kulibe. Iye anati nanga si theka lake ndinkapeka ndekha, ankandiona ndikuwerenga tsamba lomwelomwelo nkhani ikusintha. Tinayambiranso kudambo, pobisika, njere tikuponyera pamwala. Kompyuta ija tinakaipeza ndithu, ndipo mathero ake ndi anga, poti enieniwo anakulungira mandasi a munthu wina.

Lero ndili ndi kashopu pa Njewa, ndimakonza mafoni ndi kuikamo nyimbo ndi magemu. Ana a kwathu amafa kakhumi pa tsiku m'mafoni a makolo awo, amauluka, amamenyana ndi zilombo za ku nyenyezi, ndipo palibe amasonkha moto. Akuti mawu a akulu akoma akagonera. A ana nawonso amagonera, kungoti palibe amabwera kudzavomera kuti akoma.

Mwezi wathawu a Nabanda anatsika minibasi pa shopu panga, atakalamba, akuyenda ndi ndodo, atagwira dzanja kamdzukulu kawo, mwana wa Fabiano. Timapatsana moni bwinobwino masiku ano, pamaliro timakhala mphasa imodzi, koma za pansi pa mango sitinazikambepo. Anamasula foni pa chitenje n'kundipempha kuti ndiikemo zoseweretsa zija, mwanayu akuwavutitsa. Ndinawaikira ya chombo choyenda pakati pa nyenyezi, mwadala. Powabwezera ndinawachenjeza kuti adziwiretu, m'menemo mwanayu aziuluka, ndipo azifa.

"Aaa, amake Tadala," anatero akuseka, "si masewera chabe amenewo?"

Ndinawayang'ana. Kuseka kuja kunazilala pang'onopang'ono, maso awo anagwa pansi, ndipo anayamba kumanga foniyo pa chitenje. Sanapepese, ndipo ine sindinawapemphe kutero. Ndinangowayankha kuti inde amayi, ndi masewera chabe, ndinakuuzani kale.