Utoto Watsopano pa Deki

Chimanga chitapsa ndi dzuwa mu 1992, ndinauza mkazi wanga NyaGoma kuti sindingakhale ku Tembwe, kwathu ku Chama, n'kumayang'ana nkhokwe yopanda kanthu. Ndinamusiya ndi mwana wathu Tamara ndi amayi anga, ulendo wa ku Mpulungu. Ndinalembedwa ntchito m'sitima ya pamadzi yonyamula simenti kupita ku Burundi, ine munthu woopa ngakhale bwato la pa Luangwa.

Ntchito yanga inali ya pa deki, chitsulo chapamwamba chimene tinkapondapo. Ndinkachiyesa poponda chabe, mpaka kapitawo wathu atandigwiritsa hamala.

"Iwe wa ku Chama, deki ndiye igwira mbali ziwiri za sitima kuti zisatseguke, ndiye iletsa madzi kulowa. Ukaona utoto watsopano, gogoda. Anthu amapaka pa dzimbiri."

Ndinagogoda zaka zitatu, ndipo khalidwelo linandilowerera mpaka ndinayamba kukayikira ndi makalata omwe. Ndikatumiza ndalama, NyaGoma ankayankha kuti onse ali bwino, mvula yagwa, Tamara wayamba sukulu. Ku Tembwe kopanda malungo, kopanda njovu yolowa m'munda? Ndikupala dzimbiri ndekhandekha, anzanga akucheza m'Chiswahili chimene sindinkamva, ndinam'pezera mwamuna m'mutu mwangamu, n'kum'patsa ndi njinga yomwe. Nsanje inkandidya, sindibisa.

Ndinabwerera osalemba kalata, kuti ndikawagwire. Ndinapeza nyumba yozira bwino, bwalo losesa, ukhondo wondiwonjezera mkwiyo. Sindinakhale n'komwe pansi. Ndinalowa kuchipinda, kusuzumira kunsi kwa bedi, kununkhiza bulangete lachilendo limene linali lopinda pa mpando. NyaGoma anangoima pakhomo.

"Manje mwasiliza kusakila, awisi Tamara?" anandifunsa ine bambo wa mwanayo, ataona kuti ndatha kufunafuna.

"Ndani amabwera pano?"

"Palibe. Koma simunafunse amene sali pano."

Nditatuluka m'pamene ndinaona kuti kanyumba ka amayi kanagwetsedwa, pamalopo payanga maungu. Anamwalira chaka changa choyamba. Akuluakulu analetsa kundilembera, akuti munthu wogwira ntchito pamadzi akamva za maliro mutu umazungulira, angagwere m'nyanja. NyaGoma anawadwazika yekha, anaphikira anthu pamaliro, kenako zaka ziwiri n'kumandilembera kuti amayi akupereka moni. Manyazi anandigwira, ndinasowa poyang'ana.

"Tiyeni mukaone manda kukali kowala," anatero NyaGoma. "Bulangete mwanunkhizalo ndi lija munatuma munthu kuti agulire amama. Linafika titawaika kale."