Denga lopanda misomali

Bambo anga anali mkamwini, ndipo zimenezi sankaziiwala ngakhale ali m'tulo. Kwawo kunali ku Kabudula, koma anakwatira amayi m'mudzi wina kufupi ndi Nsaru n'kukhala komweko, monga umanenera mwambo wathu. Mwamuna amamanga nyumba pa malo a apongozi, ndipo ukwati ukatha amanyamula bulangete lake, nyumba n'kuisiya.

Ife tinabadwira m'kanyumba kaudzu kamene chiswe chinkakakonda kuposa eni ake. Bambo ankalima fodya. Akagulitsa, anzawo ankasowa sabata yathunthu ku Namitete n'kubwerako ndi wailesi komanso matenda, koma iwo ankalunjika ku sitolo ya bambo wina wachisilamu pa Nsaru kukagula malata awiri kapena atatu. Ankawatsamiritsa kuseri kwa bedi n'kumawapukuta fumbi Lamlungu lililonse. Amayi ankati m'chipindamo amagonamo ngati mitala, ndipo mkazi wokondedwa ndi malatawo.

Malata atakwanira tinaumba njerwa kudambo n'kuotcha tokha. Madzi onse anatunga ndi amayi ndi ana aakazife, mpaka makosi kulowa m'mapewa. Mmisiri anamanga zipupa, anaika mapaso a bulugamu, kenaka anaitanitsa misomali ya malata.

"Misomali siyofunika," anatero bambo. "Ingoyalani, titsinjiza ndi miyala."

Mmisiri anaseka poyesa nthabwala, koma anaseka yekha. Pofika madzulo, pamwamba pa nyumba yathu yatsopano panali miyala, njerwa zotsala, chipika cha mango ndi tayala lakutha la ngolo.

Pagulu bambo ankati misomali imaboola malata n'kuitana dzimbiri. Chifukwa chenicheni ankachidziwa ndi ana omwe. Akulu awo anathamangitsidwa ku chikamwini ku Nambuma atangokhoma kumene malata, ndipo mvula yoyamba kugwa pa dengalo anaimvera ndi mwamuna wina. Bambo anawaona akubwerera kwawo ndi njinga yopanda katundu, n'kulumbira mumtima kuti iwo tsiku lawo likadzafika adzachoka ndi denga lawo lonse, lopanda bowo ndi limodzi lomwe.

Amalume, achimwene awo a amayi, munthu amene m'moyo mwake sanagulepo ngakhale loko wa chitseko, ndiwo ankatsogolera chipongwe. Akamadutsa ankayang'ana m'mwamba n'kuimba mluzu.

"Alamu, tikuperekezani liti kodi? Paja mkamwini ndi mlamba, sachedwa kuterereka, eti?"

Ine ndinkaseka nawo, chifukwa dengalo linkaseketsadi. Koma amayi zinkawawawa kwambiri. Anali atawaberekera ana, mwana woyamba atatha kale msinkhu, koma mwamuna wawo mwendo umodzi unali ukadali panjira, ndipo zimenezi anazipachika pamwamba pa nyumba kuti aliyense wopita kumjigo aziona. Tsiku lina anagulitsa mtedza wawo, anagula misomali, anaithira m'mbale n'kuika pambali pa chakudya cha bambo. Bambo anadya, anathokoza, anatengapo msomali umodzi n'kuukhoma pakhoma kuti azikolekapo chipewa.

Mlanduwu anaweruza ndi mphepo. Masana ena, mvula yoyamba ili pafupi, kunabwera chimphepo chochokera cha ku Mpingu. Tinangomva phokoso ngati ng'ombe zathyola khola, ndipo poyang'ana m'mwamba tinaona mitambo tili m'nyumba. Lata lina linakatera m'munda wa chinangwa, lina linakodwa mumtengo. Tayala lija linagubuduzika mudzi wonse n'kukagwetsa bafa la amalume, eni ake ali momwemo ndi thovu kumaso. Mulungu si munthu.

Bambo anali kudimba, kuthirira nazale ya fodya. Anabwera akuthamanga, n'kupeza amayi atatola kale malata onse, atawasanja bwinobwino n'kuwamangirira ndi luzi pangolo imene anabwereka. Pamwamba pake anaikapo bulangete lopinda. Mudzi wonse unali utasonkhana ngati pali gule.

"Bambo a ana," anatero amayi, mawu ali pansipansi, "katundu wanu ndamanga kale. Musavutike n'kudikira kuti tikuthamangitseni. Ngati mukupita, dzuwa likadalipo. Ngati mukukhala, misomali ili m'mbale."

Apo sindinaseke. Ndinachita mantha, chifukwa bambo anaima nthawi yaitali akuyang'ana ngoloyo ngati munthu amene akuganiziradi za ulendo. Kenaka analowa m'nyumba yopanda dengayo n'kutuluka ndi mbale ija ndi hamala.

Mmisiri sanamuitane. Anakwera okha, ali ndi mkwiyo ndi manyazi, n'kuyamba kukhoma. Msomali wa lata umakhomedwa pamsana, pamene madzi saima, koma iwo ankakhoma m'ngalande momwe mumayenda madzi. Akaphonya phaso ankazula n'kukhoma pena. Misomali itatha anatuma munthu pa Nsaru kukagula ina. Munthu amene ankaopa bowo limodzi anasandutsa denga lake sefa, ndipo palibe anayerekeza kuwalangiza.

Kuyambira chaka chimenecho nyumba yathu inkadontha kuposa yaudzu ija. Mvula ikayamba tinkathamanga ndi mabeseni, mapoto, ngakhale chipewa cha bambo chomwe. Amayi, amene ankadandaula ndi zonse, za kudonthako sanadandaulepo. Ankasuntha mphasa akung'ung'udza nyimbo ya kutchalitchi.

Bambo anakalambira m'nyumba imeneyo. Atamwalira, abale awo anabwera kudzatenga maliro kuti akaike ku Kabudula, ndipo ndinaona mphwawo wina akuponya maso kudenga ngati munthu wofuna kugula. Ataona dzuwa likulowa m'mabowo anagwedeza mutu n'kunong'oneza mnzake kuti awa n'ngotha ntchito.

Chaka chatha anafe tinasonkherana kuti tiwaikire amayi malata atsopano, amtundu uja wopaka utoto. Ndinapita ndi mmisiri kuti akayeze. Amayi anamupatsa mpando, anamufunsa za kwawo, anamukazingira mtedza. Atatulutsa tepi yake, anamuuza kuti aibwezere m'thumba.

"Amayi, nyumbayi ikudontha," ndinatero.

"Ndikudziwa, ndimagonamo ndine," anayankha. "Koma amene anakhoma ndi amene adzazule."