Ndinabwerera Pamtengo wa Bulugamu

Inu owerenga, manyazi anga anasiyitsa mng'ono wanga sukulu, ndipo mpaka lero ndilibe chomubwezera.

Amayi atamwalira, Esinati anabwera kudzakhala nane ku Bowe, ine ndili ndi khanda kumsana. Ineyo ndinalekera Sitandade 3, koma iye mutu unkagwira, mpaka anafika Fomu 1 kusukulu yoyendera ya kuseri kwa phiri. Amuna anga ananeneratu kuti akangolephera mayeso a kumapeto kwa chaka, fodya wawo salipiranso sukulu.

Chinamusokoneza ndi masamu a zilembo. Tsiku lina tikusoka fodya m'chigafa anandionetsa samu yomwe aphunzitsi anaithetha: (7x + 4y) − (3x − 2y). Iye anali atalemba 4x + 2y. Anandifunsa, “Achemwali, ndalakwa pati?”

Bwenzi nditangonena kuti sindidziwa. Koma ndinatola njere za chimanga kuti zikhale x, nyemba zikhale y, chilichonse pamulu wake. Chimanga zisanu ndi ziwiri kuchotsa zitatu, zinatsala zinayi. Nyemba zinayi kuchotsa ziwiri, zinatsala ziwiri. Kamzere kachiwiri, ka pakati pa 3x ndi 2y, sindinakalabadire. Ndinamuuza kuti wakhoza, mwina aphunzitsiwo anachonga mothamanga. Anandikhulupirira poti ndine mkulu wake, ndipo samu zonse zotere anapitiriza kuzilemba momwemo.

Zolakwa zitachuluka, aphunzitsi anatumiza mawu kuti ndipite tikakambirane zomuthandiza. Ndinapitadi. Nditafika pamtengo wa bulugamu wa pabwalo, ndinaona aphunzitsi ovala mataye akuseka pakhonde, Chingerezi chokhachokha. Ndinayang'ana mapazi anga ang'alung'alu ndi chitenje chomwe mwana anali atanyowetsa. Ndinatembenuka. Kunyumba ndinanama kuti anyamata ofunsa makhadi a chipani andibweza panjira.

Masamu anamugwetsa Esinati. Ndinagwada pamaso pa amuna anga kumupemphera mwayi wina, iwo anangoti, “Ndinanena kale, amake Yohane.” Mvula ina isanagwe, Esinati anakwatiwa ndi tenanti wa pa esiteti kupitirira Madisi.

Yohane, khanda lija, atafika Fomu 1 ndinamulembera samu ija pansi ndi chala, poti sinandichoke m'mutu. Anati, “Amayi, kuchotsa kukakhala kutsogolo kwa mabulaketi, zizindikiro zam'kati zimatembenuka. Ndi 4x + 6y.” Anamaliza ndisanathe kusenda mbatata imodzi. Mpeni unandigwa m'manja. Kanthu kakang'ono chonchi, aphunzitsi aja akanamulongosolera ali chiimire.

Esinati amabwerabe ndi maungu pamutu, manja atada ndi fodya wa eni. Amanditchulabe achemwali mwaulemu womwe uja, ine n'kumasowa poyang'ana.

Amayi anzanga, mwana akakufunsani chomwe simudziwa, nenani kuti simudziwa, mumugwire dzanja mupite naye kwa odziwa, ngakhale muli osavala nsapato. Ine ndinathera pabulugamu. Inu chonde mukafike pakhonde.