Masamba Owawasa a Alamu Anga

Achimwene anga a Tanuf ndi munthu woweta mbuzi, wosayankhulayankhula, ndipo chibadwire sanatulukepo pachilumba chathu cha Sokotra. Kamodzi kokha anatsala pang'ono kukwera chombo. Ndikakumbukira, mtima umandiwawa mpaka lero.

Akazi awo, a Sumaya, anali oyembekezera, ndipo azamba anati mwana wagona mopingasa, athamangire kuchipatala tsidya la nyanja. Chombo chomaliza chinali pagombe. Kuno mphepo yamkuntho ikangoyamba nyanja imatseka miyezi, palibe wolowa, palibe wotuluka, ngakhale ulire chotani.

Tsono alamuwo chilichonse ankasanza, kupatula masamba a saibebe, kachomera ka maluwa ofiirira komera m'ming'alu ya matanthwe athu okha. Ngowawasa ngati chambiko.

"Nanga tsidyalo ndikadya chiyani ine, bambo?" anadandaula a Sumaya. "Kumeneko kulibe."

"Achimwene, chonde musapite kuphiri," ndinawauza. "Mwini chombo uja wayamba kale kuyang'anayang'ana kumwamba."

"Iwe, pakamwapo! Nyenyezi ya mphepo sinatuluke. Mphepoyo idzera kuti?" anatero achimwene.

Ife nyengo timaidziwira ku nyenyezi, ndipo achimwene ankazikhulupirira kuposa anthu. Anaiwala kuti mwini chombo ndi wakutsidya, za nyenyezi zathu alibe nazo ntchito. Inali nthawi youma, masamba akumunsi atafota, ndiye anakwera mpaka pamwamba penipeni. Kumeneko nkhungu inawatsekera, osaona ngakhale phazi lawo. Anangokhala pathanthwe, thumba la masamba lili pamiyendo.

Pomwe ankatsika, pagombe panali zii! A Sumaya anali atakwezedwa m'chombo ndi mlongo wawo, akulira, akuyang'ana kuphiri. Nyenyeziyo inali isanatulukedi, inde, koma chombo chinali chitapita.

Nyengo yonse ya mphepo achimwene ankangozungulira m'mbali mwa nyanja ngati mbuzi yapachingwe. Uthenga ukanadzera pati? Ine ndinkawalalatira, kenako n'kukhala pansi kulira nawo.

Nyanja itatseguka tinathamangira kugombe. Woyamba kutsika anali mlongo wa a Sumaya uja, atanyamula kamwana m'nsalu.

"Alamu, mayi wake ali m'mbuyomo?" anafunsa achimwene.

Munthuyo anangowapatsa mwanayo n'kuyang'ana pansi. Achimwene anaimabe pomwepo, mwana ali m'manja, kuyang'anitsitsa aliyense wotsika, mpaka anthu anatha n'kuyamba kutsitsa matumba a mpunga.