Mitumbira ya Kuseri kwa Waya

Manda a asilikali a ku Ndola anali aang'ono ndithu. M'kati mwa waya munali miyala yoyera ya azungu ndi kapinga wometedwa bwino. Kuseri kwa waya kunali mitumbira ya anthu akuda, ndipo umodzi unali wa bambo anga. Iwo ankayendetsa malole a nkhondo, malungo n'kuwapha ine ndili kumsana kwa mayi, kwathu kum'mawa. Nkhondo itatha, mayi anatsatira, n'kukhazikika ku Masala, komboni ya ku Ndola komweko. Loweruka lililonse ankapita ndi khasu kukalambula.

Ufulu utabwera kopa wa m'migodi anakwera mtengo, tauni n'kuyamba kufufuma. Amuna anga anapeza ntchito yoyendetsa buludoza, nyumba ya kampani pamwamba. Ine ndinkayenda monyada, sindibisa. Tsiku lina anabwera kuchokera kuntchito n'kundiitanira pambali.

"Amake mwana, mawa tikusalaza kuseri kwa waya kuja. Pakudutsa msewu."

M'mawa mwake ndinapeza mayi atakhala pansi kutsogolo kwa chitsulo chija, miyendo atatambasula. Injini inkalira. Kapitawo ankakalipa m'Chibemba kuti mayi achokepo, "Fumenipo, bamayo!" kenako n'kutembenukira amuna anga kuti akapanda kuyendetsa atsike, ofuna ntchito ndi ambiri.

Tsono kwathu mkamwini salankhula ndi apongozi ake maso ndi maso. Amuna anga anayang'ana kumbali, thukuta lili kamukamu, n'kundiitana.

"Auzeni amayi kuti ndili pa ntchito."

Ndinawauza, ngakhale anali atamva okha.

"Uwauze amuna akowo apite pamwamba panga. Apongozi awo aamuna ali pansi pomwepa, atimalize tonse."

Ndinanyamula mawu uku ndi uku. Ndinkaopa za nyumba, ndinkaopanso dzanja la amuna anga lomwe linali pa chogwirira.

Kenako anafika mzungu woyeza msewu. Atamva nkhani, ananena kudzera mwa kapitawo kuti mayi aloze mtumbira wa mwamuna wawo, umenewo ausiya, msewu ukhota pang'ono. Koma aloze msangamsanga.

Mayi anadzuka. Anayenda pakati pa mitumbira pang'onopang'ono, kuima, kubwerera. Potsiriza analoza umodzi wa pafupi ndi waya. Antchito anakhomapo zikhomo, ndipo amuna anga anasalaza ina yonse dzuwa lisanafike pamutu. Ine mtima unakhala pansi, ntchito yapulumuka, bambo apulumuka.

Pobwerera ine ndi mayi tinadzera pamsika. Ndinawafunsa ngati tikayikepo mwala tsopano, wolemba dzina bwinobwino.

"Dzina la yani, mwanawe? Ine pofika ndinapeza mitanda chiswe chitadya kale. Wati ndinkalambuliranji yonse ija? Ndangoloza umene unali pafupi."