Malume Ankadziwa Kugwa

Ndikukumbukira chaka chimene malume anga a Layisoni anabwera kuchokera ku Joni, ine ndili sitandade faifi. Kumeneko ankasewera m'mafilimu a ndewu, aja amatsekera anthu awiri m'khola la waya kuti aswane ndi zibakera, mawondo ndi zigongono. Ntchito ya malume inali yomenyedwa. Ankandiuza kuti chibakera cha m'filimu chimangodutsa pafupi ndi tsaya, luso lonse lili kwa wogwayo. Ine zimenezo sindinkasamala. Ndinalengeza sukulu yonse kuti kwathu kuli munthu wa m'filimu.

Kenaka filimu yawo inafika ku vidiyo ya pamalire, kachipinda kotentha konunkha thukuta ndi tchipisi. Inali imodzi mwa zija anyamata a m'tauni amaikamo mawu a Chichewa, n'kumapatsa wosewera aliyense dzina. Malume atangoonekera, analandira chidendene pachibwano, khu! pansi. Womasulira uja anakuwa kuti, "Thumba la makala lagwa panjinga!" Anthu anafa nalo phwete. Ine ndinangoti zyoli, manyazi atandigwira.

Dzinalo linawakanirira. Osintha ndalama, madalaivala a mathiraki, ngakhale tiana ta mamina, onse ankakuwa, "A Thumba, tagwani tione!" Malume ankangomwetulira n'kudutsa.

Loweruka lina tikuchokera kumsika, bambo wina womata matayala, atakhuta kachasu, anatitsekera njira.

"Achimwene, ndili ndi mwana apa," anatero malume. "Zija n'zosewera chabe."

"Ndiye tisewere," anayankha bamboyo.

Anawamenya malume chibakera cha pakhutu, chenicheni. Malume anazungulira n'kugwa mmene thupi lawo linazolowerera, mokongola, mikono ili tambasu. Anthu anawomba m'manja, wina n'kuimba likhweru. Mayi wogulitsa manachesi anati abwereze chifukwa iye sanaone bwino. Nditagwada ndinaona magazi akutuluka m'khutu. Ndinalira, ndikukuwa kuti avulala, koma gulu lonse linaseka kuti kamwanaka nakonso akaphunzitsa bwino.

Khutu lija silinamvenso. Ku Joni sanabwerere, poti wosewera amene sakumva akamuuza kuti agwe palibe angamulembe ntchito. Anathera kulima nandolo kwa Nthache, osatchulanso za filimu.

Woledzera uja ndinamukhululukira kalekale, koma kuwomba m'manja kuja ayi, kumandipwetekabe. Lero ndikudziwa kuti anthu akazolowera kukuona ukugwa, tsiku limene wagwa zenizeni amangoti wachita bwino.