Sikafu ya Munthu Wachitsulo

Ndinali ndi zaka khumi pamene ndinaba kwa munthu wakufa, ngakhale kuti tsiku limenelo sindinkadziwa kuti ndikuba. Inali nyengo yanga yoyamba yozizira ku England. Amayi anali atapeza ntchito yaunamwino pachipatala china mumzinda wa Hull, ndipo patatha chaka ananditumizira tikiti kuti ndichoke kwa azakhali ku Chilomoni ndiwatsatire. Tinkakhala awiriwiri m'kanyumba kapamwamba pa sitolo yogulitsa makapeti.

Chimene chinkandisowetsa mtendere m'dziko lachilendo lija chinali ziboliboli. Kwathu ndinkangodziwa chipilala chimodzi kapena ziwiri za m'tauni, zopanda nkhope. Kuno zinali paliponse: msilikali wamkuwa atazolika mutu, mfumu ili pa hatchi, mayi wamwala atakhala pampando nkhunda zikumuipitsira kumutu. Anthu ankangozidutsa, ena akudya tchipisi atatsamira kumapazi kwazo. Ine ndinkayenda maso ali pansi.

Loweruka lililonse amayi akakhala kuti alibe shifiti, tinkakwera basi kukagula zinthu kumasitolo a m'mphepete mwa mtsinje waukulu wamatope wa mumzindawo. Kuseri kwa malo oimika magalimoto kunali kanjira, ndipo pakanjirako panaima amuna asanu ndi awiri odulidwa kuchokera ku chitsulo chochindikala. Anali aatali ngati anthu enieni, ofiira ndi dzimbiri, opanda maso, opanda pakamwa. Ena ananyamula zikwama paphewa. Onse anapenya kumadzi. Ukawaonera cham'mbali ankapyapyala mpaka kutsala pang'ono kusowa, kenako ukasuntha phazi limodzi ankabwereranso onse pamodzi. Ndinali ndi chizolowezi chowawerenga nthawi iliyonse tikamadutsa, kuti nditsimikize kuti palibe wachokapo.

Tsiku lina mu Disembala amayi anandisiya panja ndi matumba, iwo atabwerera m'sitolo kukatenga mafuta ophikira amene anaiwala. Mphepo yochokera kumtsinje inkalowa mpaka m'mano. Jekete yanga inali yogula pakaunjika ku Limbe, yokongola koma yopepuka. Ndili chinjenjemerere, ndinaona kuti wachitsulo wachitatu kuchokera kumapeto wavala sikafu yabuluu m'khosi, yoluka ndi manja, yomangidwa bwinobwino ngati mmene mayi amamangira mwana wopita kusukulu.

Ndinaganiza mwachibwana, koma maganizowo ankaoneka olongosoka: chitsulo sichimva kuzizira, ine ndikumva. Ndinayang'ana uku ndi uku, ndinanyanyamphira, n'kumasula mfundo ija. Sindinaivale n'komwe. Mantha anandigwira isanafike m'khosi, ndipo ndinaikankhira pansi pa thumba la mbatata.

Kunyumba ndinaibisa m'chikwama chakusukulu. Inali yonyowa, ndiye amayi akapita kuntchito ndinkaiyanika pa hita yotenthetsera m'nyumba. Inkakhala pamenepo masana onse, hita ikutentha moti sungaikepo dzanja, koma ndikaichotsa inali yonyowabe, yozizira ngati yangovuulidwa kumene. Inalinso ndi fungo: mchere, fodya wakale, ndi kena kake ka nsomba. Fungolo linalowa m'makope anga. Mtsikana amene ndinkakhala naye desiki limodzi anasuntha mpando wake.

Lamlungu lotsatira mpingo wathu wa Amalawi unali ndi mapemphero aakulu ku Leeds, ndipo tinapita pa basi yahayala. Azimayi ankaimba njira yonse, ine nditakhala kuwindo chikwama chili pamiyendo, chifukwa ndinkaopa kuchisiya kunyumba. Dalaivala anadzera m'timatauni ting'onoting'ono kukatenga anthu ena. Kalikonse kanali ndi chipilala chake pakati pa msewu: mtanda wamwala, maina ambirimbiri, maluwa ofiira apepala ofwifwa ndi mvula. Pena panali msilikali, pena munthu wa mumgodi atanyamula nyale. Ndinayamba kuona kuti basi ikamakhota, nkhope zawo zinkatsala zikuyang'ana windo langa. Titafika ku Leeds, munthu wamkulu wamkuwa, wakuda bii, wokwera hatchi anali atatambasula dzanja, ndipo ndinaona ngati akuloza ine. Mumtima ndinati zatha, auzana. Uthenga wachoka kumtsinje, wadutsa chipilala ndi chipilala, wandipeza. M'tchalitchi sindinaimbe ngakhale nyimbo imodzi.

Amayi ndi amene anathetsa nkhaniyi, Lachisanu madzulo nditaweruka kusukulu.

"Iwe Tadala, m'chipinda muno mukununkha chiyani? Wabisa usipa?"

Anakhuthula chikwama pabedi. Sikafu inagwa, n'kusiya chidindo chonyowa pansalu. Anandifunsa kumene ndinaitenga. Ndinayamba ndi bodza lakuti ndinatola, koma amayi anangondiyang'ana, ndipo ndinaulula zonse. Ndinkayembekeza mbama. M'malo mwake anakhala pansi pang'onopang'ono, manja ali pamaondo.

"Ukudziwa kuti anthu aja ndi ndani?"

"Ndi ziboliboli, amayi."

"Kwathu unkaloza manda ndi chala?"

Ndinapukusa mutu. Mwana aliyense wa ku Chilomoni ankadziwa kuti ukaloza manda chala chimapindika.

"Ndiye iwe sunangoloza. Wavula munthu."

Anandifotokozera zimene ankamva kwa odwala okalamba a muwodi yawo. Kale mzinda uja unkadya za m'nyanja. Amuna ankapita ndi sitima kukapha nsomba kutali kumadzi oundana, ndipo sitima zina sizinkabwerako. Panalibe mtembo woti asambitse, panalibe bokosi, panalibe dothi loti aponyepo. Akazi awo ankangouzidwa pakhomo kuti musadikirenso.

"Mawa m'mawa tikukabweza," anatero. "Ukabweza ndi manja ako."

M'mawa mwake kunali chifunga chimene sindinachionepo. Titatsika basi, masitolo sankaoneka, mtsinje sunkaoneka, tinkangomva kulira kwa mbalame zam'nyanja pamwamba pathu penapake. Amayi anandigwira dzanja mpaka pachiyambi pa kanjira, kenako anandisiya.

"Pita. Ndili pompano."

Amuna achitsulo anayamba kutuluka m'chifungamo mmodzimmodzi. Ndinawerenga monga mwa masiku onse. Mmodzi, awiri, atatu. Nditafika pa asanu ndi awiri, panali winanso. Ndinabwereza kuwerenga. Asanu ndi atatu. Wowonjezerayo anali wamfupi, anaima pafupi ndi wachitatu kuchokera kumapeto, nayenso akupenya kumadzi, osagwedezeka. Ndinaima pomwepo. Kenako mutu wake unatembenuka.

Anali mayi wokalamba wachizungu, wovala chijasi chabulauni ndi kachipewa kaubweya. Anayang'ana nkhope yanga, kenako sikafu imene inali m'manja mwanga. Amayi anali atafika kumbuyo kwanga, ndipo anandikankha pang'ono paphewa. Ndinachita zimene mwana wakwathu amachita: ndinagwada pasimenti yonyowa, n'kupereka sikafu ndi manja awiri, ndikupepesa m'Chingerezi changa chothyokathyoka.

Mayi uja anadzidzimuka kuposa ine. Mwina palibe amene anamugwadirapo chibadwire. Anandidzutsa msangamsanga, akulankhula Chingerezi cha ku Hull chomeza mawu, moti zina amayi anachita kundimasulira tili m'basi. Anati dzina lake ndi Maureen. Mwamuna wake, Stan, anapita ndi sitima osabwerako, iye ali ndi pakati pa mwana wawo woyamba. Pa amuna achitsulo aja panalibe amene analembedwa dzina, koma iye anasankha wachitatuyo chifukwa cha mapewa ake. Chaka chilichonse kukayamba kuzizira ankamulukira sikafu, n'kuisunga sabata imodzi m'kabati momwe munali chitini cha fodya cha Stan, kenako n'kudzamumanga.

"Zimasowa chaka chilichonse," anatero. "Achinyamata amatenga, mphepo imatenga. Palibe inabwererapo."

Anasisita ulusi uja ndi chala chachikulu. Kenako ananena mawu amene mpaka lero ndimawakumbukira.

"Ndinadziwa kuti anaitenga ndi mwana. Zaka zonsezi sindinamulotepo Stan, ngakhale kamodzi. Sabata ino wabwera katatu. Khosi lili pamtunda, akuseka. Akuti, usakwiye, kamtsikanako kamazizidwa."

Ndinamva dzanja la amayi likufinya phewa langa. Amayi anali munthu wa mapemphero, wosakonda nkhani za maloto ndi mizimu, koma sanatsutse kanthu.

Mayi Maureen anandibwezera sikafu ija kuti ndimumange ndekha. Ndinanyanyamphira monga ndinachitira tsiku lija. Pozunguliza ulusi, kuseri kwa dzanja langa kunakhudza khosi lachitsulo. M'mawa wa chisanu chotero, zitsulo za mpanda wapafupi zinali zozizira mpaka kuwawa. Khosi lija linali lofunda. Mwina mayi uja anali atatsamiritsapo dzanja lake nthawi yaitali tisanafike. Ndakhala ndikudziuza zimenezo kwa zaka zambiri.

Pobwerera amayi sanandikalipire. Chilango changa chinali chakuti Loweruka lililonse mpaka nyengo yozizira itatha, ndinkapita kukaona ngati sikafu ilipo, ndipo ikamasuka ndinkaimanganso. Tinakumana ndi Mayi Maureen kawiri kokha pambuyo pake. Ulendo wachiwiri anandipatsa magolovesi obiriwira oluka yekha, aakulu kuposa manja anga.

Tsopano ndine wamkulu, ndimagwira ntchito ku Sheffield, ndipo ntchitoyo imandiyendetsa m'matauni ambiri a chigawo chino. Ndimaona zimene ndili mwana sindinkaziona: kabotolo ka maluwa kumapazi kwa msilikali wamkuwa, chithunzi chokutidwa m'pulasitiki pansi pa maina a anthu ofera mumgodi, bambo wachikulire atavula chipewa mvula ikugwa. Ndikafika pamalo otere ndimatsitsa mawu.

Koma kumvetsa kwenikweni kunabwera mochedwa. Azakhali amene anandilera anamwalira m'nyengo ya mliri ija, ndege zitaima. Maliro awo ndinawaonera pafoni, chithunzi chikudukaduka, ndipo netiweki inathera pomwe bokosi linkatsikira m'manda. Kwa masabata angapo ndinkangozungulira m'nyumba, chisoni chilibe poti chikhale. Tsiku lina ndinapezeka ndaima m'paki ina pamaso pa chiboliboli cha mayi wina amene sindikumudziwa, wonenepa, wa manja akuluakulu, ndipo ndinamuuza zonse zimene ndikanauza azakhali. Ndinalankhula m'Chichewa, mokweza, anthu akudutsa ndi agalu awo.

Munthu wolira amafuna malo oti aimepo. Akasowa manda, amabwereka mapewa a chitsulo kapena manja a mwala, ndipo chimene wasiyapo, kaya ndi duwa lofota kaya ndi ulusi wonyowa, chili ndi mwini wake. Za khosi lofunda lija sindinapezebe yankho, ndipo ndinasiya kulifunafuna.